Dera la Nanango ku Queensland: kodi ndi kuchipinda kwa chipani chimodzi?

Funso: Ndine mayi wa ku Malawi, ndimagwira ntchito ya unamwino ku Kingaroy m'chigawo cha Queensland ku Australia, ndipo ndangolandira kumene unzika. Anzanga a ku Brisbane amandiseka kuti kwathu kuno kuvota n'kutaya nthawi. Akuti dera lathu la Nanango ndi la chipani chimodzi kuyambira kalekale, komanso kuti a Joh Bjelke-Petersen, nduna yaikulu yakale ya Queensland, analamulira zaka zambiri chifukwa chokhotetsa malire a madera. Kodi n'zoona? Nanga zinatheka bwanji kuti voti ya wakumudzi ilemere kuposa ya wa m'tauni?

Yankho: Mayi, anzanuwo sakunama kotheratu, koma asakaniza nkhani ziwiri zosiyana. Ina ndi ya mmene madera a chisankho ankagawidwira m'Queensland monse. Ina ndi ya khalidwe la anthu a dera lanulo akafika poponya voti. Pa yoyambayo ali ndi mfundo ndithu. Pa yachiwiriyo aphonya, chifukwa ndi madera ochepa m'chigawocho amene anachititsa manyazi chipani chawo chomwe ngati mmene anachitira anthu a ku Kingaroy. Ndipo kuvota musakuzembe: ku Queensland ndi lamulo kuyambira 1915, wosavota popanda chifukwa chomveka amalipitsidwa chindapusa.

Dera lanulo lasinthapo dzina kawiri. Kuyambira 1912 mpaka 1950 linali Nanango, kenako Barambah mpaka 2001, n'kubwereranso ku dzina lakale. Malire akhala akusuntha, ndipo lero akufika kummwera cha ku Kilcoy ndi Esk, koma mtima wake wakhala Kingaroy, tauni ya dothi lofiira imene ili pa mtunda wa makilomita pafupifupi 200 kumpoto chakumadzulo kwa Brisbane. Nkhokwe zazitali za mtedza zimene mumadutsa pakati pa tauniyo zikufotokoza ndale za kumeneko kuposa buku lililonse. Deralo linakula ndi alimi a minda ya banja, olima mtedza ndi chimanga, oweta nkhumba ndi ng'ombe za mkaka, ambiri mwa iwo opemphera kwambiri. Mlimi wotere amadzilemba yekha ntchito, kale ankagulitsa mbewu kudzera ku bodi ya alimi, ndipo nkhawa zake ndi mvula, mtengo wa mbewu, msewu ndi ngongole ya kubanki. Chipani cha Country Party, chimene pambuyo pake chinadzatchedwa National Party, chinabadwira anthu amenewa.

Musaganize kuti kumidzi konse ku Queensland kunali choncho. Kumadzulo kwenikweni, kumene kuli mafamu akuluakulu a nkhosa, ambiri ovota anali antchito: ometa nkhosa, ogwira ntchito za njanji ndi a m'migodi. Sitalaka ya ometa nkhosa ya mu 1891 ku Barcaldine ndi imodzi mwa mizu ya chipani cha Labor. Mukadziwa zimenezi, nkhani ya malire simuidabwanso.

Amene anayambitsa zoti voti ya kumudzi ilemere si a Bjelke-Petersen. Linali boma la Labor la a Ned Hanlon mu 1949. Anawonjezera mipando ya m'Nyumba ya Malamulo kuchoka pa 62 kufika pa 75, n'kugawa chigawo chonse m'mazoni anayi, zoni iliyonse ndi chiwerengero chakechake cha anthu ofunika kuti pakhale phungu mmodzi. Ku Brisbane phungu ankafunika anthu ambiri, kumadzulo ochepa kwambiri. Chifukwa chimene ankapereka ndi kutalika kwa mitunda, koma aliyense ankadziwa kuti kumadzuloko n'kumene Labor inali ndi anthu ake. Dera la Barambah linadulidwa pa kugawa komweko. Ndiye kuti mpando umene a Joh anakhalapo zaka 37 anawasemera ndi adani awo.

Mu 1957 Labor inang'ambika pakati, itachotsa nduna yaikulu yake yomwe, a Vince Gair, ndipo mgwirizano wa Country ndi Liberal unalowa m'boma motsogozedwa ndi a Frank Nicklin. Atsopanowa sanathetse mazoni aja. Anangowakonza kuti akomere iwo. Mizinda ya m'zigawo monga Rockhampton, Townsville ndi Cairns anaiika m'zoni yakeyake, kuti mavoti a Labor aunjikane m'madera ochepa, midzi yozungulira n'kutsala ya Country Party. Nthawi yomweyo makina ndi kusintha kwa ulimi zinkachepetsa antchito kumadzulo, choncho madera amene kale anali a Labor anayamba kugwera kwa eni mafamu. A Joh atatenga udindo wa nduna yaikulu mu 1968 anapitiriza zomwezo, mu 1971 komanso mu 1985. Pofika m'ma 1980 dera la kumadzulo linkakhala ndi ovota pafupifupi theka la a dera la kummwera chakummawa. Barambah inali pakati, m'zoni ya madera a alimi. Atolankhani anatcha zonsezi Bjelkemander, dzina limene anzanuwo mwina amalitchula.

Chisankho chimene anthu amakonda kutchula ndi cha 1972. Labor inapeza mavoti oyamba (a anthu amene anaiika pa nambala 1 pa pepala lovotera) oposa 46 peresenti koma mipando 33 yokha mwa 82. Liberal inapeza 22 peresenti ndi mipando 21. Country Party, ndi 20 peresenti yokha, inatenga mipando 26, ndipo mtsogoleri wake anapitiriza kulamulira. Taonani bwino manambalawo, chifukwa pali chinthu chimene ambiri saona. Wolandidwa sanali Labor yekha. Pa mgwirizano wa zipani ziwiri, nduna yaikulu imachokera ku chipani chokhala ndi mipando yambiri. Liberal inaposa Country pa mavoti, koma mavoti akewo anali a m'tauni, opepuka. Ntchito yaikulu ya mazoni inali imeneyi: kuonetsetsa kuti pa mgwirizanowo mkulu akhale chipani cha alimi, mng'ono akhale Liberal. M'zigawo zina monga New South Wales zinali mosemphana.

Komabe kunena kuti a Joh analamulira zaka 19 chifukwa cha malire okha n'kudzinamiza. Mu 1974 Labor inatsala ndi mipando 11, mpaka anthu ankaiseka kuti yangokwana timu ya cricket (imene imakhala ndi osewera 11), ndipo apo anthu anaikanadi, malire kapena ayi. A Joh ankadziwa kukopa anthu. Ankalimbana ndi boma la dziko lonse la ku Canberra pa chilichonse, anathetsa msonkho wa chuma cha masiye mu 1977 zimene zinakokera okalamba olemera ku Gold Coast, ndipo ankanyoza atolankhani poyera, kuyankhula nawo ankakutcha kudyetsa nkhuku. Mu 1983 chipani chawo chinapeza mipando 41 mwa 82, aphungu awiri a Liberal, a Don Lane ndi a Brian Austin, n'kusamukira kwa iwo, ndipo anayamba kulamulira okha. Mu 1986 anapeza mipando 49 mwa 89 ndi mavoti oyamba osafika 40 peresenti. Apa mazoni anathandizadi kwambiri. Chinanso chimene chinawapatsa mphamvu n'chakuti Queensland ilibe nyumba yachiwiri ya malamulo. Inathetsedwa mu 1922. Wogwira Nyumba imodziyo wagwira zonse.

Tsono tibwere kwanu. Ku Barambah a Joh sankafunika kukhotetsa malire kuti apambane. Anali mwana wa pakhomo. Anabadwira ku Dannevirke ku New Zealand mu 1911, mwana wa m'busa wa Lutheran wochokera ku Denmark, koma anakulira pa famu ya Bethany pafupi ndi Kingaroy. Anadwalapo poliyo ali mwana. Analima mtedza, anachita geni yogwetsa mitengo ndi mathirakitala potsegula minda, anakhalapo khansala, ndipo mu 1947 anasankhidwa kukhala phungu wa Nanango. Zaka 16 zoyamba anali phungu wamba, osapatsidwa unduna. Mu 1963 anapatsidwa unduna wa zomangamanga ndi nyumba, udindo umene umapatsa munthu mwayi womangira anzake sukulu ndi mapolisi m'madera awo, ndipo anzakewo sanaiwale pamene mpando waukulu unatseguka a Jack Pizzey atamwalira mu 1968. Iwo akatanganidwa ku Brisbane, mayi a kunyumba kwawo, a Flo, ndi amene ankaoneka pa zochitika za m'deralo, mpaka nawonso anadzakhala seneta ku Canberra mu 1981.

Dera linapindula, tisabise. Malo opangira magetsi a malasha a Tarong, pafupi ndi tauni ya Nanango, anasankhidwa mu 1978 pamene akatswiri a bungwe la magetsi ankafuna Millmerran, ndipo phokoso linali lalikulu. Damu la pafupi ndi Murgon lili ndi dzina lawo. Munthu wa ku Kingaroy amene anaona ntchito zikubwera ndi msewu ukuthiridwa phula sankavutika kusankha.

Koma mukafunsa kuti phunguyu ankaimira ndani, pitani ku Cherbourg, makilomita ochepa kuchokera ku Murgon. Malowo poyamba ankatchedwanso Barambah. Ndi dziko la anthu a Wakka Wakka, ndipo boma linkasamutsirako mokakamiza anthu a mtundu wa Aboriginal ochokera mbali zosiyanasiyana za Queensland pogwiritsa ntchito lamulo la mu 1897. Kutuluka kunkafuna chilolezo, malipiro awo ankasungidwa ndi boma. Anthu amenewa analoledwa kuvota pa chisankho cha chigawo mu 1965, Queensland ikukhala yomaliza m'Australia monse. Ndiye kuti pamene boma linkalimbikira kuti wakumudzi ayenera mawu akulu chifukwa ali kutali, panali anthu akumudzi komweko amene analibe mawu n'komwe. Ine mfundo ya mitunda ija ndimaiyeza pamenepa, ndipo imaperewera. Ife a kummwera kwa Africa tilinso ndi chokumbukira chathu: mu 1971 timu ya rugby ya Springboks ya South Africa ya tsankho itabwera ku Brisbane, a Joh analengeza kuti chigawo chili pa ngozi n'cholinga choti apolisi athane ndi ochita zionetsero, ndipo mu 1977 analetseratu zionetsero za m'misewu.

Ulamuliro wawo unagwa mu 1987. Anayesa kulowa ndale za dziko lonse kuti akhale nduna yaikulu ya Australia, zinakanika, n'kugawanitsa otsutsa boma. Chaka chomwecho kafukufuku wotsogozedwa ndi loya Tony Fitzgerald anayamba kuulula katangale wa apolisi ndi andale. Mkulu wa apolisi, a Terry Lewis, anadzamangidwa, nduna zina zakale chimodzimodzi. Chipani chinawatembenukira a Joh, chinasankha a Mike Ahern, ndipo pa 1 December 1987 anatula pansi udindo, n'kusiyanso uphungu. Mlandu wawo wonama atalumbira unazengedwa mu 1991, koma oweruza wamba sanagwirizane chimodzi ndipo sanazengedwenso.

Apa ndi pamene nkhani ya anzanu ija imagwa chagada. Mu April 1988 kunachitika chisankho chachibwereza ku Barambah. National Party inaimika a Warren Truss, wapampando wa khonsolo ya Kingaroy, mlimi wodziwika. Ku Brisbane palibe ankakayika, poti uku kunali kuchipinda kwenikweni kwa chipanicho. Anapambana ndi a Trevor Perrett, oimira kagulu kakang'ono kotchedwa Citizens Electoral Council, kamene ambiri anali asanakamvepo.

Kuti mumvetse mmene zinachitikira, muyenera kudziwa kavotedwe ka kumeneko, kamene n'kosiyana ndi kwathu kumene woposa anzake ngakhale ndi voti imodzi watenga mpando. Pa pepala lovotera simuchonga munthu mmodzi. Mumalemba 1 pa amene mukumufuna kwambiri, 2 pa wotsatira, mpaka mmunsi. Powerenga amayamba ndi ma 1. Ngati palibe wapitirira theka, wotsalira kwambiri amachotsedwa, mapepala ake n'kuperekedwa kwa amene analembedwa 2, ndipo amapitiriza choncho mpaka wina adutse theka. Ku Barambah a Truss sanafike pa theka. Ovotera Labor, podziwa kuti munthu wawo sangapambane, ambiri anaika a Perrett patsogolo pa a Truss, ndipo mavoti amenewo ataphatikizana ndi a alimi okwiya, mpando unapita. Alimiwo anali ndi zifukwa zawo: chiwongoladzanja chinali chokwera, mitengo ya mbewu yosakhazikika, ndipo ambiri anaona kuti chipani chawachitira nkhanza a Joh. A Truss sanathere pomwepo. Anapambana mpando wa Wide Bay ku Canberra mu 1990, ndipo mu 2013 anakhala wachiwiri kwa nduna yaikulu ya dziko. Koma kwawo anawakana.

A Perrett sanachedwe kulowa National Party yomweyo. Kumeneko kulibe lamulo ngati gawo 65 la malamulo athu, phungu amasintha chipani mpando ali nawo. Anakhala nduna ya zaulimi m'boma la a Rob Borbidge kuyambira 1996, ndipo chipani chinaganiza kuti dera labwerera kwawo.

Mu 1998 anthu anabwereza. Pambuyo pa kuphedwa kwa anthu 35 ndi mfuti ku Port Arthur, m'chigawo cha Tasmania, mu 1996, boma la ku Canberra la a John Howard linakhwimitsa malamulo a mfuti, ndipo National Party inavomereza. Kwa mlimi amene mfuti ndi chida cha pa famu ngati khasu, zinamveka ngati chipani chake chamugulitsa kwa a m'tauni. Mabanki ankatseka nthambi m'matauni ang'onoang'ono, mabodi a alimi ankathetsedwa kapena kufooketsedwa. Chipani chatsopano cha One Nation cha a Pauline Hanson chinatola mkwiyo wonsewo, chinapeza pafupifupi 23 peresenti ndi mipando 11 m'chigawo chonse. Ku Barambah a Dorothy Pratt a One Nation anagwetsa a Perrett, ndi mavoti oyamba oposa 40 peresenti.

Ambiri mwa aphungu 11 aja sanakhalitse. A Pratt anatuluka m'chipanicho mu 1999 n'kukhala oima paokha, ndipo anapambananso mu 2001, 2004, 2006 ndi 2009, dera litabwerera ku dzina la Nanango. Pa zisankho ziwiri zomalizazo amene anapikisana nawo anali a John Bjelke-Petersen, mwana wa a Joh weniweni, ataimikidwa ndi chipani cha bambo ake. Anagonja konse kuwiri, m'tauni imene dzina la banja lawo lili paliponse. A Pratt atapuma mu 2012, a John anayesanso kudzera ku chipani cha Katter's Australian Party, n'kugonja kwa a Deb Frecklington, loya wa ku Kingaroy wa chipani cha LNP, chimene chinapangidwa mu 2008 Liberal ndi National zitaphatikizana. A Frecklington anatsogolera otsutsa boma kuyambira 2017 mpaka 2020, anagonja kwa a Annastacia Palaszczuk a Labor, ndipo LNP itapambana mu October 2024 anakhala nduna ya zachilungamo m'boma la a David Crisafulli.

Chimene anzanu anena zoona n'chakuti Labor sinapambanepo mpando umenewu. Ngati kwa iwo chisankho chimatanthauza Labor kulimbana ndi LNP, ndiye kwanuko kulibe mpikisano. Koma kwa zaka 14, kuyambira 1998 mpaka 2012, chipani chimene amati ndicho mwini dera chinali panja. Mpikisano wa ku Nanango umachitika pakati pa chipani chachikulu cha alimi ndi aliyense amene angakhutiritse anthu kuti chipanicho chawaiwala. Pa mpikisano wotere, amene amagamula nthawi zambiri ndi ovotera zipani zimene sizingapambane, kudzera pa 2 ndi 3 wawo. Ndimakayikira amene amatcha anthu akumudzi nkhosa zongotsata; amene ndikuwaona m'mbiri imeneyi ndi anthu osasintha maganizo pa zimene amafuna, koma osachedwa kusintha wowatumikira.

Za kulemera kwa voti, lero nkhawa ichepe. Labor ya a Wayne Goss itapambana mu 1989, mazoni akadalipo, bungwe limene linakhazikitsidwa potsatira lipoti la a Fitzgerald linakonza dongosolo latsopano, ndipo chisankho cha 1992 chinachitika opanda mazoni. Tsopano malire amadula ndi bungwe loima palokha, osati nduna, ndipo dera lililonse mwa 93 siliyenera kupitirira kapena kuperewera ndi 10 peresenti pa chiwerengero chapakati. Chotsalira cha kale ndi chimodzi. Dera loposa masikweya kilomita 100,000 limawonjezeredwa ovota a papepala okha, okwana 2 peresenti ya kukula kwake: la masikweya kilomita 400,000 limawerengedwa ngati lili ndi anthu ena 8,000 amene kulibe. Pa malire a mu 2017 madera oterewa anali anayi, Cook, Gregory, Traeger ndi Warrego, ndipo Gregory yekha ndi wamkulu kuposa Malawi katatu n'kupitirira. Nanango sali m'gulu limeneli ngakhale pang'ono. Voti yanu ikulemera chimodzimodzi ndi ya anzanu a ku Brisbane.

Kodi ngakhale chotsaliracho n'choyenera? Ndimachimvetsa, koma sindichikonda. Phungu amene ayenera kuyenda tsiku lonse kuti akafike kumapeto kwa dera lake ali ndi vuto lenileni, koma mankhwala ake ndi ofesi yachiwiri, antchito owonjezera ndi ndalama zoyendera, osati kuchepetsa mawu a munthu wina. Funso lomweli lilipo kwathu. Malamulo a Malawi amati madera akhale ndi ovota ofanana momwe zingathekere, koma amalolanso kuganizira kuchulukana kwa anthu, mayendedwe ndi mapiri kapena mitsinje, ndipo MEC itaunikanso malire madera anachoka pa 193 kufika pa 229 pa chisankho cha 2025.

Chisankho chotsatira cha chigawo chidzakhala mu October 2028. Musanapite, onani pa tsamba la Electoral Commission of Queensland kuti keyala yanu ili m'dera liti, chifukwa malire amaunikidwanso pakapita zaka ndipo mayina amatha kusintha. Werenganinso malangizo a pa pepala lovotera. Kuyambira 1992 munthu ankaloledwa kulemba 1 yekha, mu 2016 lamulo linabwerera ku kulemba manambala m'mabokosi onse, ndipo zipani zikadakokanabe pa nkhaniyi. Pofunsa ofuna mpandowo, za chipatala mukuzidziwa kale kuposa ine. Afunseninso za Tarong ndi mgodi wa Meandu umene umaidyetsa malasha: itseka liti, anthu ogwira kumeneko adzapita kuti, ndipo m'malo mwake mudzabwera chiyani. Mu 2024 a Peter Dutton, amene ankatsogolera otsutsa boma ku Canberra, anatchula Tarong pa malo asanu ndi awiri amene ankafuna kumangapo magetsi a nyukiliya, koma anagonja pa chisankho cha dziko mu 2025, ndipo funsolo likadali poyera.